Halina Sobota, Mayi Amene Anatsuka Mwezi

Ntchito ya Halina Sobota inali yofufuta zimene anzake ajambula. Ankaigwira m'chipinda chapamwamba pa nyumba ina yanjerwa mumzinda wa New York, pomwe sitima yoyenda pa njanji ya m'mwamba ikamadutsa mabotolo a inki ankavina okha patebulo. Kampaniyo inali ya a Loomis, ndipo inkapanga makatuni afupiafupi, aja ankaonetsedwa anthu akadafunafuna mipando, kanema weniweni asanayambe. Apa n'kuti chili chaka cha 1923, zithunzi zisanaphunzire kuyankhula. Mbuzi ikatsegula kukamwa pachinsalu, woimba piyano ndiye ankaililira.

Wojambula ankayamba ndi pepala wamba. Ankalembapo kanyama, pa pepala lina n'kukalembanso kataponya mwendo pang'ono, mpakana mulu. Akatero ankasanjika selo pamwamba pa pepala lililonse. Selo ndi pepala la seluloyidi, loonekera ngati galasi koma lopindika. Ankatsata mizere ija ndi inki, kuseri n'kupaka penti, kamera n'kumajambula selo limodzilimodzi. Maselowo anali odula, choncho kanema akatha sankatayidwa. Ankapita kwa Halina, kukachipinda ka kumapeto komwe kunali bafa lamalata, sopo, zingwe zoyanikira ndi zenera limodzi loyang'anizana ndi khoma la eni ake.

Halina anachoka ku Poland akadali mtsikana, ndipo zaka zake zoyamba mu mzindawu zinathera pansi pa hotela ina, akuchapa malaya a anthu omwe sanawaonepo nkhope. Amuna ake, a Ludwik, ndiwo anamupezera malo kwa a Loomis. Manja anakhalabe ofiira ngati kale, koma nkhani zokamba pakhonde madzulo zinasintha. Anzake akamufunsa kuti lero wachapa chiyani, iye ankayankha osaseka n'komwe.

"Apolisi awiri, galu, ndi theka la nyanja. Theka linalo mawa."

Pa ntchito yotsukayi panali lamulo limodzi losati n'kuliiwala. Inki imachoka ndi sopo, koma nsonga ya cholembera imasiya kachikande kosachoka. Pa selo limodzi sungakaone pokhapokha utalipendeketsa powala. Vuto limabwera maselo otsukidwa akagwiritsidwanso ntchito motsatana monga analili kale, chifukwa zikandezo zimagwirizana n'kuyamba kuyenda pachinsalu. Zinachitikapo Halina asanabwere. Kanema wa khanda lolira anatuluka ndi mzukwa wa mphaka ukuthamanga kumbuyo kwa khandalo, a Loomis anajambulitsanso zonse, ndipo wotsukayo anamuonetsa chitseko tsiku lomwelo. N'chifukwa chake maselo akauma Halina ankawasakaniza ngati makhadi a njuga, ena n'kuwaika pansi, ena pakati, kuti pasakhale awiri odziwana oyandikana. Manja ake anazolowera moti ankachita zimenezi akucheza.

Amene ankamupatsa chintchito anali Denny Kehoe, wojambula wamkulu pakampanipo, mwamuna wa tsitsi lofiira yemwe ankakanikiza cholembera ngati ali nacho chifukwa.

"Denny iwe," Halina ankatero atanyamula selo pakhomo, "apa umalemba kapena umalima? Ndibzalemo mbatata?"

"Mayi Sobota, ine ndimajambula ndi mtima wonse."

"Mtimawo uziusiya kunyumba. Kuno uzibwera ndi zala basi."

A Ludwik ankagwira ntchito zonse zopanda dzina. Kusesa, kukoleza mbaula, kukwera ndi malasha, ndi kunyamula zitini za mafilimu kupita nazo kutsidya kwa mtsinje komwe ankatsuka mafilimuwo ndi mankhwala kuti zithunzi zioneke. Kale anali wa kudoko, mpakana tsiku lomwe bokosi linaduka chingwe n'kuwagwera pamwendo wakumanzere. Fupa linalumikizana mwa nzeru zake. Kuchokera pamenepo mwendowo sunkapita molunjika. Unkayamba wazungulira panja ngati ukulambalala galu wogona, phewa n'kutsika, kenaka mutu n'kugwedera pang'ono ngati munthu wovomereza zimene mnzake wanena. Ukawaona akubwera chapatali unkangoti munthuyu akugwirizana ndi msewu wonse. Sankafulumira, ndipo sankafika pa nthawi yake kulikonse.

Chaka chimenecho makampani onse anali atapenga ndi za kumwamba, ndiye a Loomis nawo anati tonde wawo apite kumwezi. Tonde ameneyu anali atadya kale zipewa, makalata ndi belu la tchalitchi m'makanema am'mbuyomo. Ulendo uno anadya wonga, n'kubisala mumgolo, ndipo atayetsemula mgolowo unauluka kubowola mitambo. Kumweziko ankakumana ndi mlonda, nkhalamba yandevu yonyamula nyali, yomwe ntchito yake inali kuyatsa nyenyezi imodziimodzi. Tondeyo ankatsatira pambuyo n'kumadya nyenyezizo zikangoyaka.

Mlondayo ndiye anamuvuta Denny. Ankamuyendetsa mwaulemu, osaseketsa. Ankamuyendetsa modumpha, n'kumaoneka ngati chule. Masana ena ali chigwirire kumutu, a Ludwik analowa ndi ndowa ya malasha. Denny anawatsata ndi maso kuchokera pakhomo mpaka pambaula.

"A Sobota, tabwererani pakhomopo, mubwerenso."

"Ndagwetsa chiyani?"

"Palibe. Ingobwerani."

Anabwerera, nabweranso. Denny anati abwerezenso, pensulo ili yakaliyakali papepala. Ulendo wotsatira a Ludwik anatula ndowa pansi.

"Mnyamata iwe, ndine hatchi ya pamsika ine? Ukufuna undione ndi mano omwe?"

"Kamodzi kokha, madala, ndikugulirani soseji."

"Ziwiri. Mwendowu umadya pawokha."

Mawa lake Denny anawaitana, nagwira mulu wa mapepala pakona n'kuwathamangitsa ndi chala chachikulu. Nkhalamba yandevu inadzuka papepala n'kuyamba kuyenda. Mwendo kuzungulira, phewa kutsika, mutu kuvomereza. A Ludwik anaseka mpaka kutsokomola.

"Mayi! Tasiyani madziwo mudzaone. Mwamuna wanu wapita kumwezi!"

Halina anabwera akupukuta manja pa epuloni. "Kumwezi inu? Munthu wolephera kufika kutchalitchi wansembe asanamalize?" Koma Denny atathamangitsanso mapepalawo, nkhope ya Halina inasintha. Anadikira kuti akhale awiri ndi amuna ake pamasitepe pomwe ankadyera buledi wawo wakuda ndi kabichi.

"Bambo, anthu akakusekani. Holo yonse ikaseka mwendo wanu."

"Akhala akuseka mumsewu zaka zonsezi, ataimirira, pozizira. Bola aseke atakhala pansi." Ananyema buledi n'kumupatsa mbali yofewa. "Mwendo umenewu unandichotsa kudoko, Halina. Usiye undikweze kumwamba."

Kanemayo anamaliza kumujambula mu February, mwezi womwe mphepo ya pamtsinje imalowa mpaka m'mafupa. A Ludwik anawoloka ndi zitini pa boti, nabwerako akunjenjemera. Anati ndi chimfine wamba. Chinali chibayo, ndipo sabata isanathe anali atapita. Denny ananyamula nawo bokosi la maliro, atavala jekete yobwereka yomwe manja ake anali aafupi.

Halina atabwerera kuntchito anapeza maselo a kanema wa kumwezi ali pashelefu, m'mitolo yomangidwa ndi ulusi, akudikira madzi. Anayamba ndi ya tonde. Anatsuka mgolo, mitambo, nyenyezi zodyedwa theka. Anatsuka mwezi weniweniwo, penti yoyera n'kusandutsa madzi a m'bafa ngati mkaka. Mtolo wa mlonda, womwe unali wochepa kuposa yonse popeza mayendedwe amodzi omwewo ankangowabwereza, anaukankhira kumbuyo kwa sopo.

Sabata imeneyo kanemayo anafika paholo ya pafupi ndi kwawo. Halina analowa mtima uli m'mwamba, nakhala kumapeto kwa mzere. Mlonda atatulukira ndi nyali yake, woimba piyano anamupezera kanyimbo kotsimphina, ndipo holo yonse inaphulika. Bambo wina wonenepa kutsogolo kwake ankamenya chipewa pabondo. Halina anadikira kuti mtima umupweteke, koma anangozindikira kuti nayenso akuseka, misozi ili chuchuchu. Kuseka kwa anthuwo kunalibe chipongwe. Ankaseka ngati aona munthu amene amamudziwa.

Anapitanso madzulo aliwonse mpaka chikwangwani cha pakhomo chinasintha. Kanema sakhalitsa malo amodzi. Amapita tauni ndi tauni mpaka atang'ambika, ndipo wong'ambikayo amamuwotcha kuti atolemo siliva. Filimu yoyambirira inali ya kampani yogawa makanema, yotsekeredwa kwina komwe ngakhale a Loomis sanapondeko. Halina anaona kuti zikatere ndiye kuti a Ludwik sadzawaonanso akuyenda.

Anapita kwa Denny. "Mapepala aja unkathamangitsa ndi chala, ali kuti?"

Denny anakanda m'khosi. "Mayi, mapepala akatha ntchito mukudziwa kumene amapita."

"Kumbaula."

"Anakolezera eni ake, m'mawa wina kukuzizira. Ndinawauza kuti asungeko. Anati, tiyeni nkhalambayi itifunditse, kumwezi yayendako kale."

Halina anaseka pang'ono, chifukwa mawuwo analidi a Ludwik. Kenaka anapita kukagogoda kwa a Loomis. Bwanayo sanali munthu woipa. Anali wamng'ono thupi, wa magalasi, wokhala ndi nkhope ya munthu amene nthawi zonse akumva kununkha kwa chinthu chikupserera kwina. Anamvetsera mpaka Halina atamaliza.

"Tengani limodzi, Mayi Sobota. Sankhani lokongola, ine ndikuikirani mufelemu."

"Limodzi siliyenda, bwana."

"Onse sindingathe. Lolemba tikuyamba kanema wa chipale chofewa uja, ndipo maselo amene tili nawo ndi omwewa." Anavula magalasi n'kuwavalanso. "Pitani nawo kunyumba mukakhale nawo Lamlungu. Lolemba alowe m'madzi."

Lamlungu masana, atabwera kutchalitchi, Halina anayala nsalu yoyera patebulo n'kuwandandalika. Pa selo lililonse panali nkhalamba yandevu, mwendo uli m'malere, itauma gwa. Nkhope sinali ya Ludwik, ndevu sizinali zake, ngakhale nsapato. Anawasanjikiza onse pamodzi n'kuyang'ana powala, ndipo chinatuluka chinali kangaude wa miyendo yambirimbiri. Anayesa kuwathamangitsa ndi chala monga ankachitira Denny ndi mapepala, koma maselo ndi oterera, anangomwazika, penti n'kuyamba kusuwa kugwera pansalu ngati mamba a nsomba. Anakhala pansi n'kuwayang'ana nthawi yaitali. Amuna ake sanali pa selo lina lililonse. Ankaoneka pokhapo limodzi likachoka, linzake n'kubwera pamalo pake.

Lolemba m'mawa anatenthetsa madzi. Ankamiza selo, n'kulisisita ndi kansanza kofewa, ndevu n'kusungunuka, nyali n'kuzima. Akalitsukuluza ankalipendeketsa pazenera monga mwa masiku onse, kuona ngati inki yatha. Inki inkatha, koma mizere ya Denny inali pomwepo. Pa mlondayu mnyamatayo anali atalimadi. Mwendo, phewa, mutu, zonse zinkanyezimira pang'ono ngati ulusi wa kangaude padzuwa.

Anawayanika pachingwe motsatana monga anawatsukira. Atauma anawanula, ndipo manja ake anayamba okha ntchito yawo, kugawa mulu pakati kuti asakanize. Anawaimitsa. Anaima choncho, theka kudzanja ili, theka kudzanja linalo, sitima ya m'mwamba ikudutsa, madzi a m'bafa akunjenjemera. Kenaka anabwezera theka lija pamwamba pa linzake mmene linalili, n'kumanga ndi ulusi.

Denny anabwera chakumasana. "Mayi, mundipatseko ouma. Ndikufuna pomwe tonde akutsetsereka pa madzi oundana."

Halina anamupatsa mtolowo koma sanausiye msanga. "Uyambire pamwamba, uzitsika nawo. Usawasokoneze."

Denny anamuyang'ana. Anasolola selo lapamwamba n'kulipendeketsa pazenera, kenaka lachiwiri, kenaka lachitatu. Anatseka chitseko ndi chidendene.

"Mayi Sobota, wotsuka wa mphaka uja mukudziwa zimene zinamuchitikira?"

"Ndikudziwa. Kuhotela malaya akadadabe, sindingasowe kopita."

"Ineyo angandithamangitsenso, mukudziwa?"

"Iwe sunaone kanthu. Wapatsidwa maselo ndi nkhalamba yoiwalaiwala."

Denny anapukusa mutu, akumwetulira chamumtima. Anaika mtolowo kukhwapa, ndipo ali pakhomo anatembenuka. "Tondeyo ndimuika m'munsi, chakumanzere. Kumwambaku ndisiya poyera. Munthu wamkulu asamapanikizike."

Kanema akabwera kuchokera kotsukidwa ndi mankhwala kuja ankayamba amuonera okha pakampanipo. Ankatchinga mazenera ndi mabulangete, n'kukhoma nsalu ya pabedi kukhoma. Tsikulo Halina, yemwe nthawi zambiri sankadzivuta n'kuonera, anaima kumbuyo pafupi ndi chitseko, chikhoto chake chili pamkono kuti zikavuta asachite kubwerera kukachitenga. Makina anayamba kulira. Tonde anaba chipewa cha wapolisi, nathawira pa dziwe louma ndi chisanu, miyendo n'kuyamba kumuthawa. Anyamata anaseka.

Pamwamba pa tondeyo, mu thambo loyera mbee, munadutsa kanthu. Sikanali chithunzi, kanali ngati mpweya wa pagalasi. Koma kankayenda. Mwendo unazungulira panja, phewa linatsika, mutu unavomereza. Kuseka kunazilala. Wina anatsokomola.

"Imitsa," anatero a Loomis. "Bwezera pambuyo."

Anabwezera. A Ludwik anadutsanso mumlengalenga, osafulumira, akugwirizana ndi chipale chonse. Makina atazima m'chipindamo munali zii, kupatula malasha akuthetheka mumbaula.

"Kehoe, ukuona chiyani pamenepo?"

"Tonde akutsetsereka, bwana."

"Pamwamba pake."

"Chipale, bwana. Mphepo ikuchiulutsa."

"Chipale chotsimphina?"

Halina anavala mkono umodzi wa chikhoto. A Loomis anavula magalasi, nawapukuta ndi tayi nthawi yaitali kuposa mmene magalasi amafunira.

"Munthu ameneyu," anatero osatembenuka, "zaka zonse wandigwirira ntchito sanafikepo pa nthawi yake ngakhale tsiku limodzi. Lero wafika mu kanema amene sanaitanidwe n'komwe." Anavala magalasi aja. "Mutumizeni choncho. Kuholo utsi wa fodya ndi wambiri, palibe akaone."

Akutuluka anaima pafupi ndi Halina, nayang'ana chikhoto chovala thekacho.

"Mukupita kuti nthawi ino, Mayi Sobota? Madzi anu akuzizira." Anatsitsa mawu. "Mtolo umenewo wokha. Ena onse muzisakaniza. Amphaka sindikuwafuna."

Mtolowo unakhala ndi ulusi wakewake, wofiira. Ukabwera kwa Halina ankautsuka pawokha, n'kuubweza motsatana, ndipo Denny ankausungira malo a thambo loyera. Motero a Ludwik anayenda pamwamba pa chipululu, pamwamba pa nyanja, ndi pamwamba pa mpikisano wa njinga womwe tonde anapambana atadya matayala a anzake. Koma ulendo uliwonse cholembera chinkasiyapo zikande zatsopano. Patapita zaka zingapo mwendo unasokonekera ndi nyanga za tonde, kenaka phewa linatayika, n'kutsala kugwedera kwa mutu kokha. Pamapeto pake maselowo anachita chikasu ndi kukalamba, ndipo Halina yemwe ndiye anati basi, apume.

Zithunzi zitayamba kuyankhula, kampani ya a Loomis sinapirire. Denny anakwera sitima kupita ku California, komwe ojambula onse ankathamangira, ndipo ankatumiza khadi pa Khirisimasi lokhala ndi mbuzi. Halina anabwerera kochapa malaya, nagwira mpaka zala zitakana kupinda. Sanakwatiwenso. Anakhalabe m'chipinda chomwe ankagonamo ndi a Ludwik, akudandaula za mawondo ndi za achinyamata osadziwa kufinya nsalu.

Panali timaholo totchipa m'mbali mwa mzinda tomwe Loweruka masana tinkaonetsa makatuni akale osayankhula, ong'ambikang'ambika, kuti ana apezeko pokhala. Kanema wa kumwezi uja sanabwerenso, kaya anapsa, kaya anatayika. Koma ena a tonde ankatulukira mwa apo ndi apo, ndipo Halina akaona dzina la a Loomis pachikwangwani ankalowa. Ankakhala kutsogolo, chikwama pamiyendo, maso ali pakona yakumwamba ya chinsalu pomwe panalibe chilichonse.

Tsiku lina mayi wina amene anabwera ndi ana ake anamuyang'anitsitsa, kenaka anamugwira pamkono mwachifundo, poganiza kuti maso a gogoyu atha.

"Agogo, mbuzitu ili m'munsimu, kumanzere."

"Ndaiona, mwana wanga," anatero Halina osasuntha maso. "Ine ndikudikira munthu. Amachedwa."